MFUTI YOPINDA: KODI MLANDU ULI NDI YANI?

Ife okhala kuno ku Kuti, m'dziko la Salima, tiri pakati pa anansi awiri odziwa mfuti. Mbali yina kuli nkhalango yocingidwa ndi mpanda, m'mene mbidzi, mphalapala ndi nswala zidya msipu mosaopa, cifukwa alonda aziyang'anira kuti opha nyama mobisa angazithe. Mbali yina, pa njira yomka kunyanja, kuli sukulu ya asilikari ya MAFCO, ndipo ku Senga Bay kuli gulu la asilikari amene nchito yao ndiyo kudumpha m'ndege iri m'mwamba. Cifukwa cace nkhani ya mfuti siiri nkhani ya kutari kwa ife. Ndifuna kuti tilingalire pamodzi za mtundu umodzi wa mfuti, ndiwo uja upindika monga mpeni wa m'thumba, nufupika kufikira munthu akhoza kuulonga m'thumba la ufa. Funso langa ndi ili: mfuti yotere ikapha munthu wosalakwa, mlandu uli ndi yani? Kodi uli ndi woombera yekha? Kapena ufika kwa mmisiri amene anaipanga? Kapena ukhudzanso ife, amene tidziwa pamene yabisika koma tikhala cete?

Tiyambe ndi mfuti ya makolo. Masiku a Jumbe ku Nkhotakota ndi a Makanjira tsidya lija la nyanja, mfuti imene inayenda m'gombe lino inali gogodela. Inali yaitari ndi yolemera. Mwini wace anali kuthira onga ndi cipolopolo kukamwa kwace, natsindira ndi kandodo ka citsulo, ndipo akaombera kamodzi anayenera kuima ndi kuthiranso. Tisaiyese yabwino, iai. Pakuti ndi mfuti yomweyo midzi inatenthedwa, ndi anthu anamangidwa m'magoli kumka nao ku ukapolo. Koma inali ndi khalidwe limodzi loyenera kulikumbukira: sinali kubisika. Munthu akaisenza pa phewa, mudzi wonse unaona. Akazi pamtondo anaona, mfumu inamva, ndipo mfuti ikalira kudambo anthu anadziwa dzina la woombera iye asanabwerere kumudzi.

Tsono kuti timve bwino za kupinda, tidziwe mapangidwe a mfuti. Mfuti iri yonse ya pa phewa iri ndi zigawo zitatu zazikuru. Kutsogolo kuli mpope wa citsulo m'mene cipolopolo cidzera. Pakati pali thupi lace, m'mene muli makina. Ndi kumbuyo kuli tsinde, ndilo mtengo uja utsamira pa phewa. Tsinde liri ndi nchito ziwiri. Lilandira kukankha kwa mfuti pamene onga waphulika, kuti mphamvuyo ithere m'thupi lonse la munthu. Ndiponso likhazika mfuti kuti isagwedezeke, diso lipenye bwino candamale. Tikhoza kunena kuti tsinde ndilo ciwalo cimene cikakamiza woombera kuima, kupenya, ndi kusankha cimene afuna kulasa. Koma tsinde lomwelo litalikitsa mfuti, ndipo apa ndi pamene amisiri anayamba kubvutika nalo.

Pa Nkhondo Yaikuru Yaciwiri, ya 1939 kufikira 1945, imene agogo athu a K.A.R. anamenya nao ku Abyssinia ndi ku Burma, panacuruka mitundu yatsopano ya asilikari. Ena anali kudumpha m'ndege ndi ambulera yaikuru ya nsaru, ndiyo parashuti. Ena anali kukhala mopanikizana m'kati mwa akasinja ndi magalimoto a citsulo. Kwa anthu otere mfuti yaitari inali cobvutitsa: inakola pa khomo la ndege, inakolana ndi zingwe za parashuti, inakana kuturuka pa kabowo ka kasinja. Pamenepo amisiri anati, Ticotse mtengo, tiike zitsulo zowonda zokhala pa mahinjesi monga citseko, kuti msilikari apinde poyenda natambasule pomenya nkhondo. Ku Germany anacita cotero ndi mfuti zazing'ono za MP38, ya 1938, ndi MP40, ya 1940, zimene tsinde lace linapindikira pansi pa thupi la mfuti. Ku America, caka ca 1942, anapangira odumpha m'ndege mfuti ya M1A1, imene tsinde lace la mawaya olimba linapindikira cammbali. Taonani tsono kuti ciyambi ca kupinda sicinali kubisa iai, koma kuthandiza msilikari pa malo opanikiza.

M'nkhondo yomweyo munali mnyamata wa ku Russia, dzina lace Mikhail Kalashnikov, wobadwa caka ca 1919, amene anali kutsogolera kasinja. Analasidwa pa nkhondo ya ku Bryansk mwezi wa October 1941, ndipo ali cigonere m'cipatala anayamba kulingalira za kupangira anzace mfuti yabwino yakuingitsira adani amene analowa m'dziko lao. Nchitoyo inamtengera zaka, kufikira inabala mfuti imene dziko lonse liidziwa ndi dzina la AK-47. Asilikari a Soviet Union anailandira caka ca 1949. Inaturuka m'maonekedwe awiri: yina ya tsinde la mtengo, ndi yina ya tsinde la zitsulo ziwiri zopindikira pansi, dzina lace AKS. Ya mtengo italika masentimita 88; yopinda, ikapindidwa, itsala masentimita 65 okha, ndiko kunena monga mkono wa munthu wamkuru kuyambira pa phewa kufikira ku zala. Kabokosi kace kalowa zipolopolo 30, ndipo zonsezo zikhoza kutha pa kamphindi kakang'ono. Caka ca 1959 inakonzedwanso nikhala AKM, ndi yopinda yace AKMS. Pambuyo pace kunadza AKS-74, ya 1974, yopindikira cammbali; ndipo caka ca 1979 kunadza yaifupi koposa, AKS-74U, imene ikapindidwa sifika ndi pa masentimita 50 pomwe. Dziko la China nalonso linapanga zace zofanana nazo, zina mwa izo zopinda.

Wina angafunse, Nanga bwanji mfuti zonse sizipinda? Yankho liri m'makina. M'mfuti yodzithira yokha muli sipuling'i imene ibweza makina m'malo mwace cipolopolo cikaturuka. M'mfuti ya Kalashnikov sipuling'iyo ikhala m'thupi la mfuti, ndipo tsinde liribe kanthu m'kati. Mukhoza kulipinda, mfuti nigwirabe nchito. Koma m'mfuti ya M16 ya ku America sipuling'i ikhala m'tsinde momwemo, kotero kuti amisiri pofuna kuifupikitsa anacita kupanga tsinde lolowa ndi kuturuka, losapinda. Ndipo ku Belgium, pamene anafuna kupatsa odumpha m'ndege mfuti ya FN FAL, anayamba asamutsa sipuling'i kuicotsa m'tsinde, ndi pamenepo tsinde linatheka kupindidwa.

Kupinda kuli ndi mtengo wace. Zitsulo sizikhazikika pa tsaya monga mtengo; padzuwa zitentha, ndipo mahinjesi akakalamba ayamba kugwedera. Koposa apo, munthu woombera mfuti iri cipindire sangathe kulunjika bwino. Angomwaza zipolopolo, ndipo cipolopolo comwazidwa sicisiyanitsa mdani ndi mwana wodzera m'njira. Amisiri anadziwa zimenezi, nabvomera kutaya kulunjika pang'ono kuti apeze kufupika. Msilikari wophunzitsidwa atambasula tsinde asanaombere. Koma mfuti sikhala m'manja a ophunzitsidwa okha.

Makolo anati, Mwana wa ng'ona sakulira dziwe limodzi. Mfuti imene inapangidwira odumpha m'ndege a ku Russia inayenda, nifika kwa anansi athu a ku Mozambique. Kumeneko nkhondo yomenyera ufulu inayamba caka ca 1964, ndipo ufulu unadza pa 25 June 1975. Koma kuyambira 1977 kufikira 1992 kunagwa nkhondo yina yowawa koposa, ya abale okha okha, pakati pa boma la FRELIMO ndi a RENAMO. Mfuti za mtundu wa Kalashnikov zinalowa m'dzikomo zosawerengeka, ndipo yina ya izo iri cijambulire pa mbendera ya Mozambique ya 1983, yopingasana ndi khasu. Anthu ngati 1,000,000 anathawira kuno ku Malawi, nadzaza Nsanje, Mulanje, Mwanza, Ntcheu ndi Dedza. Tisawanamizire: unyinji wao unadza ndi ana kumbuyo ndi mitolo pamutu, wopanda cida ciri conse. Koma pangano la mtendere litalembedwa ku Rome pa 4 October 1992, si mfuti zonse zinaperekedwa kwa olandira zida. Zambiri zinakwiriridwa m'nthaka, zina zinagulitsidwa pa mtengo wocepa. Ndipo popeza malire athu m'malo ambiri ali mseu cabe kapena munda, monga pakati pa Dedza ndi Ntcheu, zina zinaoloka. M'zaka zotsatira dziko lathu linaona kucuruka kwa acifwamba a mfuti. Cakudza siciyimba ng'oma. Ndipo mfuti yolowa m'thumba la cimanga, kapena pansi pa jekete, sifuna ng'oma konse.

Tsono tibwerere ku funso lathu. Ndaona kuti anthu aliyankha m'njira zitatu.

Oyamba anena, Citsulo ciribe mtima. Khasu lomwe lilima likhoza kupha munthu, koma palibe woimba mlandu wosula makasu. Cotero mlandu wonse uli ndi woombera. M'mau awa muli coonadi cacikuru, ndipo sindifuna kucicepsa. Wopha mnzace sangathe kutula katundu wace pa mmisiri wa kutsidya kwa nyanja. Mwazi uli pa manja ace. Koma mauwo sakwanira, pakuti cinthu ciri conse copangidwa cipepuza nchito zina ndi kulemetsa zina. Ife a m'gombe ticidziwa ici bwino. Ukonde wa udzudzu, umene tiuyesa masikito, unaperekedwa ndi mtima wabwino, kuti ana asafe ndi malungo. Maso ace anacepetsedwa dala kuti udzudzu usalowe. Koma kucepa komweko kwa maso ndiko kunaitana anthu ena kuuponya m'madzi, nakokolola tiana ta cambo tisanakule. Ukonde sunacimwe, koma ndani angakane kuti mapangidwe ace anatsegula khomo limene linali lotseka? Momwemonso kufupika kwa mfuti: kunapangidwira khomo la ndege, koma kukwanira bwino lomwe m'thumba la mbala.

Aciwiri anena, Ngati kuli tero, mlandu wonse ubwerere kwa mmisiri. Awa naonso apitirira. Kalashnikov anaona dziko lace likutenthedwa ndi anzace akufa. Kufuna kuwapatsa cida cowapulumutsa sikunali koipa. Ndiponso munthu mmodzi sangathe kulondola cinthu ciri conse ca manja ace kufikira mibadwo ya m'tsogolo. Komabe taonani cimene cinamcitikira mu ukalamba wace. Caka ca 2013, ali ndi zaka 93, analembera kalata Patriarch Kirill, mkuru wa Mpingo wa Orthodox ku Russia, naulula kuti mtima wace unali kumuwawa, nafunsa ngati iye ali ndi mlandu wa anthu amene anafa ndi mfuti yace, ngakhale iwo anali adani. A Mpingowo anamtonthoza kuti iye anapanga cidaco kuti cicinjirize dziko la kwao. Anamwalira pa 23 December caka comweco. Ine ndiyesa kuti citonthozoco cinali coona, koma cisoni ca mkuruyo cinalinso coona. Mlandu suola, ndipo munthu wa mtima wamoyo amva kulemera kwa zotsatira za nchito yace, ngakhale zimene sanazifune. Tiyenera kusiyanitsa zinthu ziwiri: mlandu wa kupha, umene uli wa wopha yekha, ndi mangawa a kusamala, amene ali a yense wakuika cinthu coopsa m'dziko. Ndipo mangawa amenewa alemera koposa pa maboma amene anatumiza mfuti m'zombo zodzala ku maiko a nkhondo, osalingalira za wodzazitola nkhondo ikatha.

Yankho lacitatu ndilo ndifuna kuti tilisunge, cifukwa likhudza ife. Ziripo zinthu zitatu zimene ziletsa munthu kucita coipa: cikumbumtima cace, kuopa lamulo, ndi maso a anansi. Tikanena zoona, ca zitatuzi cimene cigwira nchito tsiku ndi tsiku m'midzi mwathu ndico cacitatu. Cikumbumtima cikhoza kugona, wapolisi akhala kutari, koma mnansi ali pafupi nthawi zonse. Munthu wosenza gogodela anali kuyenda pakati pa mboni. Akalinga kudambo ndi mkwiyo, panapezeka mkuru womuimitsa panjira ndi kumfunsa, Mulikumka kuti ndi mfuti, acimwene? Kawiri kawiri funso lokhalo linapulumutsa moyo. Cimene mfuti yopinda yaticotsera ndico funso limeneli. Munthu apita pakati pa mudzi, napatsa moni, nalandira moni, ndipo palibe wodziwa cimene ciri m'thumba lace.

Koma kodi ndi zoona kuti palibe wodziwa? Iai. Mfuti yobisidwa m'denga la udzu, kapena yokwiriridwa pansi pa nkhokwe, sidziwika ndi munthu mmodzi yekha. Mkazi wace adziwa, mbale wace adziwa, bwenzi limene linamthandiza kukumba lidziwa, ndi wogula nyama ya m'nkhalango usiku adziwanso. Mmisiri anapinda citsulo kuti cifupike. Koma kuti cibisike zaka khumi m'mudzi wa anthu, pafunika anthu okhala cete. Apa ndi pamene mlandu ufika pakhomo pathu. Wokhala cete sanaphe munthu, ndipo sitimuyesa wakupha. Koma mangawa a kusamala aja tawanena ali pa iye ndithu, ndiponso koposa mmisiri, pakuti mmisiri sanadziwe nyumba imene mfuti idzagonamo, koma mnansi aidziwa.

Ndidziwa cimene ena adzayankha. Adzati, Khoswe akakhala pa mkhate sapheka. Wobisa mfutiyo ndi mwana wa mlongo wanga, ndimpereke bwanji? Mau amenewa ndi olemera, ndipo wosawamva kulemera sadziwa cibale. Koma wofuna kucotsa khoswe pa mkhate sayamba ndi cibonga, ayamba wamuingitsa. Mwambo wathu unatipatsa makwerero: mwini mbumba alankhule naye, ankhoswe alankhule naye, nyakwawa imuitane, kufikira iye abvomere kuti mfutiyo iperekedwe kwa apolisi. Ndipo tikumbukire kuti lamulo la dziko lino sililola munthu kusunga mfuti wopanda cilolezo; ndi kuti kuyambira caka ca 2017 wopha nyama zocinjirizidwa koposa, monga njobvu, akhoza kumangidwa kufikira zaka 30. Lamulo limeneli silinadze cabe. M'nkhalango ya Nkhotakota, pafupi ndi ife pomwepa, munali njobvu zoposa 1,500, koma pofika 2015 opha nyama anasiyamo zosakwana 100, kotero kuti m'zaka za 2016 ndi 2017 anacita kutenga njobvu ngati 500 ku Liwonde ndi ku Majete pa magalimoto kudzazibwezeramo. Tsono wokonda mphwace ndani: womsiya ndi mfuti kufikira tsiku la unyolo, kapena womlanda mfuti lero?

Ena adzati, Ndiisunga cifukwa ca mbala. Ndikaipereka ndidzacinjiriza ciani banja langa? Mantha amenewa si opusa. Koma mfuti ikhalitsa koposa mantha amene anaigulitsa. Mbala ikhoza kusadza konse. Koma mkangano wa malire a munda udzadza, mowa udzadza, nsanje ya m'banja idzadza, ndi mnyamata wofuna ndalama zamsanga adzakula m'nyumba momwemo. Bishopu Dinis Sengulane wa ku Mozambique, amene anaona zipatso za nkhondo ndi maso ace, anali kuuza anthu kuti kugona ndi mfuti m'cipinda kufanana ndi kugona ndi njoka, imene tsiku lina idzatembenuka ndi kuluma mwini nyumba.

Bishopu yemweyo, pamodzi ndi bungwe la mipingo ya Cikristu ya ku Mozambique, anayambitsa caka ca 1995 nchito yosinthanitsa zida za nkhondo ndi zipangizo za nchito. Munthu wobwera ndi mfuti analandira khasu, kapena njinga, kapena makina osokera, kapena zomangira nyumba. Ndipo mfutizo anazidula kuti zisadzalirenso. Amisiri a zosema anatenga zidutswa zace naziphatikiza ndi moto. Mmodzi wa iwo, Cristóvão Canhavato, anapanga mpando wa mfuti zokha zokha caka ca 2001, ndipo British Museum ya ku London inaugula caka ca 2002. Nzeru ya nchitoyi inali yakuti inapatsa wobisa njira yakuturukira poyera wosacita manyazi, ndi kupatsa abale ace mau akumuuza.

Potsiriza, abale, tisiyanitse kupinda ndi kubisa. Msilikari wodumpha m'ndege apinda mfuti yace, koma mfutiyo iri ndi nambala, yalembedwa m'buku, ituruka m'nyumba ya zida ndi cilolezo nibwereramo ndi kuwerengedwa. Ngakhale yafupika, iri pamaso pa mboni, ndipo wakuigwira adzayankha pa cipolopolo ciri conse. Mfuti ya pansi pa nkhokwe iribe buku, iribe woiwerenga, koma okhawo amene adziwa. Sitingathe kubweza nzeru ya amisiri, ndipo mfuti siidzatalikanso monga gogodela. Cimene tingathe ndico kubwezera mudzi maso ace. Ngati inu, wowerenga, mudziwa denga limene lasunga cinthu cotere, musadikire tsiku la maliro. Pitani kwa mwini mbumba sabata lomwe lino, mukambe naye.

Tsalani ndi mtendere.

Mphunzitsi wa ku Kuti, Salima.